Kamsewu kena ka ku Zomba: zomwe tinadula ndi zomwe tinakana kudula

Anzanga angapo a ntchito za misewu akhala akundifunsa kuti kodi zinatha bwanji pa kamsewu kaja tinagwira ku Zomba, ena anamva kuti tinakangana ndi eni ntchito, ena anamva kuti phula silinafike kumapeto, zonsezo zili ndi kachoonadi kake nde bola ndingofotokoza pamodzi. Dzina la msewu, la ofesi yomwe inatituma komanso la kontirakitala sinditchula, mungodziwa kuti ndi dera lina la kumunsi kwa tauni komwe madzi ochoka kuphiri amadutsa asanakagwere mu mtsinje wa Likangala. Ine mbali yanga inali yoona za anthu ndi chilengedwe, zojambula zenizeni amapanga ndi mainjiniya anzanga.

Ntchito yake pa pepala inali yosavuta, msewu wa dothi wa makilomita awiri ndi kanthu wochoka pa phula lalikulu kulowa m'makomo, kudutsa pa kamsika, pa sukulu ya pulayimale, m'mbali mwa manda, kukathera kufupi ndi mtsinje. Eni ntchito amangofuna phula kuchoka koyambirira mpaka kumapeto, basi.

Amene simuidziwa bwino Zomba mudziwe kuti muli matauni awiri mu tauni imodzi. Kumtunda, m'mphepete mwa phiri, kuli Zomba wa atsamunda, yemwe anali likulu la dziko mpaka 1975 pomwe likulu linasamukira ku Lilongwe, uko misewu inayamba kujambulidwa nyumba zikubwera pambuyo ndipo ngalande zake zina za miyala zikugwirabe ntchito mpaka pano. Kumunsi ndi m'mbali, madera ngati Chikanda, Sadzi, Chinamwali, Mpondabwino, malo ambiri zinayenda mosiyana, anthu anayamba kumanga, msewu nkukhala mpata womwe unatsala pakati pa mipanda. Kalembera wa 2018 anapeza anthu 105,013 mu mzindawu ndipo ambiri mwa iwo amakhala ku Zomba wachiwiriyu. Phiri nalo limapitirira mamita 2,000 pomwe tauni ili pansi penipeni pake, nde mvula ikagwa kumtunda simadikira, pasanathe ola madzi ali pakhomo panu.

Amene amadutsa pa msewu ndi ndani

Fomu yowerengera yomwe inachoka ku ofesi inali ndi mabokosi a magalimoto ang'onoang'ono, minibasi, malole, njinga zamoto kumapeto, koma bokosi la munthu woyenda pansi kunalibe, la njinga ya kapalasa kunalibenso. Tinajambula tokha ndi bolopeni nkuwauza anyamata owerenga kuti ayambe kusanache osati 7 koloko ngati mmene fomu imanenera. Ndipo zomwe zinatuluka sizinadabwitse aliyense wokhala m'deralo, kungoti zinali zisanalembedwepo. Kusanache ndi azimayi a mabeseni akuthamangira kukapikula matemba ndi ndiwo zamasamba, azibambo akukankha njinga zomangidwa matumba a makala ndi nkhuni, kenako pakati pa 6 ndi hafu 7 msewu onse umadzaza ndi ana a yunifomu kuchoka mpanda uku mpaka mpanda uko, a kabaza akuwaimbira mabelu. Magalimoto mukanatha kuwawerenga ndi zala pa ola, ka Sienta apa ndi apo, ndipo olemera ake pafupifupi onse anali malole a mchenga ochoka kumtsinje.

Apa ndi pomwe masamu athu amalephera. Mapulogalamu omwe timawerengera phindu la msewu, ngati HDM-4, amaona mafuta omwe galimoto ipulumutse, matayala, masipeya ndi mphindi za anthu okwera, nde msewu wa magalimoto ochepa umaoneka ngati kutaya ndalama, kapena wina amangokweza chiwerengero cha magalimoto a m'tsogolo kuti masamu atuluke bwino. Koma phindu lenileni la msewu uwu linali kwina. Nthawi ya mvula a kabaza amakweza mtengo kapena kukana kumene kulowa kumunsi, mayi woyembekezera usiku amamunyamula kaye pamanja kapena pa njinga kukafika pa phula kuti apeze galimoto yopita ku Zomba Central, maliro akachitika galimoto ya bokosi imathera panjira adzukulu nkusenza. Zimenezi tinazilemba m'mawu poti bokosi lake mu kompyuta mulibe.

Tinalembanso za amene phula lidzawapweteke, zomwe eni ntchito sanakondwe nazo. Ku Zomba mwini nyumba aliyense amadziwa kuti wophunzira wa ku UNIMA amalipira pa bedi osati pa nyumba, nde phula likangofika lendi imakwera, banja lomwe lakhala zaka pa nyumba ya zipinda ziwiri limapatsidwa notisi kuti tikufuna tikonze, mawa lake mwalowa mabedi osanjikana. Ife sitingaletse zimenezo, koma kulemba mu lipoti kuti anthu onse a m'derali apindula ndi bodza.

Madzi

Apa ndikhalitsapo chifukwa nkhani yonse inagona apa. Tinayamba kafukufuku mu 2023 namondwe Freddy atangodutsa mu Malichi, zizindikiro zikadali pa makoma, nde tinapempha amfumu atipatse anthu okhalitsa kuti tiyende nawo msewu onse wapansi, mapu ali m'manja. Gogo wina anatitengera kuseri kwa nyumba yake nkutionetsa mzere wa matope pa khoma, ofika m'chiuno mwa munthu wamkulu, kenako anatiloza pakati pa nyumba ziwiri pomwe pano pali bafa ndi khola la nkhuku nkunena kuti, "Ana anga, apa kale panali khwawa, tinkachapa pompano ife. Anthu anakwirira nkumangapo koma madzi saiwala khwawa, chaka chilichonse amabwera kudzafuna njira yawo." Pa mapu athu khwawa limenelo panalibe. Injiniya anali ataika kalavati pafupifupi mamita makumi angapo kumtunda kwake, pomwe pamaoneka potsika pa zithunzi za m'mwamba.

Chachiwiri ndi kuchuluka kwa madziwo. Mawerengedwe akale amatenga malo otsetsereka a kumtunda ngati a mitengo ndi udzu, pomwe madzi amalowa pansi pang'onopang'ono, koma pitani mukaone pano, mitengo inatha ndi makala, matabwa ndi moto wa chaka ndi chaka, kumunsi kwake ndi malata okhaokha ndi mabwalo osesedwa mpaka kuuma gwa. Mvula yomweyo ya kale pano imatsika yonse nthawi imodzi itanyamula mchenga ndi miyala. Ndipo pa zaka zochepa tawona madzi osefukira a Januwale 2015, namondwe Idai mu 2019, anamondwe Ana ndi Gombe mu 2022, Freddy mu 2023, nde munthu ukamajambula ngalande ndi maganizo oti mvula yoopsa imabwera kamodzi pa nthawi yaitali ukudzinamiza wekha.

Makalavati omwe analipo kale anali mapaipi a mamilimita 600. Tinagwada kusuzumira m'modzi mwa iwo, munali mchenga mpaka pafupi kudzaza, pamwamba pake mabotolo a pulasitiki, majumbo, mapampasi, chidutswa cha neti ya udzudzu chitakola zonsezo pamodzi, kuwala kwa mbali inayo osaoneka nkomwe. Paipi ya 600 ikatseka palibe angalowemo ndi fosholo, imangokhala choncho mpaka madzi adzipezere njira pamwamba pa msewu. Nde tinagwirizana ndi mainjiniya kuti paliponse tisatsike pa 900, ndipo pa khwawa la gogo paja paikidwe kalavati ya bokosi ya konkiliti yoti munthu nkulowamo chowerama.

Koma chomwe chinandidetsa nkhawa kwambiri ndi kothera ngalande. Pa chojambula choyamba ngalande imafika kumapeto kwa msewu nkuthera pa kamuvi kolembedwa kuti madzi apita kumtsinje. Titapita pamalopo, pakati pa kamuviko ndi mtsinje panali nyumba, zimbudzi ndi madimba a mpiru ndi tomato, mtunda wa mamita mazana angapo. Msewu wa dothi umamwaza madzi uku ndi uku, aliyense amalandira pang'ono, koma ukaika phula ndi ngalande za simenti umawasonkhanitsa onse nkuwathamangitsa kukawatula pakhomo pa munthu mmodzi, kawirikawiri wosaukitsitsa poti ndi amene amamanga kumunsi kwenikweni. Anthu a kumtunda amavina pa tsiku lotsegulira msewu, a kumunsi nyumba zimagwa mu Januwale, ndipo mu lipoti la ntchito simulembedwa kuti msewu ndi umene wagwetsa. Tinaika mu pulani ngalande yomanga ndi miyala yofika kumtsinje kwenikweni, ya timasitepe tochepetsa liwiro la madzi, ndi vetiva m'mbali mwake.

Ndipo Likangala sathera pa Zomba pomwepa, amatsika kukathirira mpunga ku sikimu kenako nkukathira mu nyanja ya Chilwa, yomwe ilibe kotulukira madzi, ndi yosaya, inaphwa mu 1995 ndipo mu 2018 mabwato anakhalanso pa matope ku Kachulu. Nyanjayi ili pa mndandanda wa Ramsar, wa madambo ofunika kutetezedwa pa dziko lonse. Dothi lochoka pa kamsewu kathu ndi lochepa inde, koma timisewu ngati aka ndi tambiri ndipo tonse timatsanulira komweko, matemba omwe azimayi aja amathamangira m'mamawa amachoka m'madzi omwewo.

Za malamulo ndingodutsa mwachangu poti ambiri mukuzidziwa, lamulo la zachilengedwe la 2017 limafuna kuti ntchito ngati iyi idziwike ku MEPA, bungwe la boma loona za chilengedwe, isanayambe, ndipo pa kamsewu kakang'ono chikalata chomwe chimagwira ntchito kwambiri ndi ESMP, pulani yonena zomwe muchite kuti muchepetse zoipa. Chomwe ndingakuuzeni nchakuti chilichonse cholembedwa mu ESMP koma chopanda mzere wake ndi mtengo wake mu BOQ, mndandanda wa ntchito zonse zomwe kontirakitala alipidwe, sichidzachitika, kontirakitala amawerenga pepala lomwe lili ndi ndalama. Nde kuthira madzi pa fumbi, kukwirira maenje, timilatho tolowera m'makomo, zonse tinazilowetsa mu BOQ chimodzichimodzi. Timilatho timeneti musatipeputse, mukamukumbira munthu ngalande pakhomo osamuikira polowera, mawa lake athiramo dothi ndi matumba a mchenga kuti njinga yake idutse, ngalande yonse yafa pomwepo.

Malo, manda ndi chipukuta misozi

Pa msewu waukulu ngati M3 malo a msewu ndi mamita 30 mbali iliyonse kuchoka pakati, ndipo anthu amadziwa ngakhale amamangabe. M'makomo muno nkhani ndi ina, malo ena mpata onse pakati pa mipanda sumakwana ndi mamita 9 omwe, tikanati titsate muyezo wa m'buku nyumba zambiri zikanagwa ndipo ndalama yonse ikanathera chipukuta misozi. Tinachepetsa poyenda magalimoto kufika mamita 6, njira ya oyenda pansi mbali imodzi yokha, ndipo pa kamsika ngalande tinaivindikira ndi masilabu kuti pamwamba pake pakhale poyenda. Msewu wopapatiza uli ndi ubwino winanso, dalaivala amachepetsa liwiro yekha.

Pa manda sitinakambe nthawi yaitali. Amfumu anangoti, "Zina zonse tikambirana, koma pamanda pokha ayi," nafenso sitinafune nkomwe kuyamba nkhani yofukula, msewu tinaukhotetsa pang'ono nkudya mpanda ndi mitengo iwiri ya mango ya mbali inayo, mwini wake analipidwa.

Ovuta anali a pa kamsika. Pa msonkhano woyamba analankhula ndi azibambo, eni nyumba ndi eni maokala, mafunso onse anali oti mulipira zingati pa mpanda, pa khonde, pa mtengo wa mapeyala. Azimayi ogulitsa pa mabenchi anakhala kumbuyo osayankhula kanthu. Tinakawapeza patokha tsiku lina masana pa kiyosiki ya madzi, titapewa Lachisanu poti ambiri kuderali amapita ku mzikiti, ndipo mayi wina wogulitsa zitumbuwa anafunsa funso lomwe pa msonkhano waukulu silinatuluke, "Achimwene, mwini okala mumupatsa ndalama chifukwa khonde ndi lake, nanga ine amene ndimalipira kwa iyeyo kuti ndiike benchi pakhondepo, miyezi yomwe mukhale mukukumba ana anga adya chani?" Mwa malamulo athu munthu ngati ameneyu alibe chake pamalopo, alibe pepala, wakhala m'malo a msewu. Mfundo za mabanki ngati World Bank ndi African Development Bank zimati ngakhale wopanda pepala athandizidwe ngati ntchito yamuchotsera popezera chakudya, koma ndalama ya ntchito iyi sinali yochoka kumeneko nde panalibe chotikakamiza. Chomwe tinakwanitsa ndi kupeza bwalo lina pafupi loti asamukireko pa nthawi ya ntchito, ndi kulemba mayina awo kuti pobwerera malo asalandidwe ndi ena. Ndalama sanalandire, ndipo ine ndimaonabe kuti pamenepo anaponderezedwa.

Za tsiku lotseka kalembera wa katundu woti alipidwe chipukuta misozi mukudziwa kale mmene zimakhalira, mbiri itangomveka nthochi zinamera usiku umodzi m'mbali mwa msewu, wina anakumba fawundeshoni ya shopu yomwe sanaiganizepo chiyambire. Tinali titajambula kale zonse pa foni tsiku ndi malo zikuoneka, komiti ya madandaulo inangowaonetsa zithunzi nkhani nkutha mwa chiseko. Chosaseketsa nchakuti ndalama za anthu owerengedwa bwinobwino zinachedwa kutuluka, ndipo mmene zimatuluka zinali zitaonda.

Mkangano wa bajeti

Mu Novembala 2023 kwacha inagwa ndi 44 peresenti. Phula timagula kunja, dizilo kunja, masipeya a makina kunja, nde ndalama yomwe inali yokwana msewu onse inangotsala yokwana gawo. Eni ntchito anabwera ndi maganizo awo atakonza kale, utali wa phula usasinthe, koma tichotse ngalande zomanga zikhale zongokumba, tichotse njira ya oyenda pansi, masilabu, mahampu, ngalande ya kumtsinje ija, zonsezo zidzabwere mu gawo lachiwiri. Amene mwagwira ntchito za boma mukudziwa kuti gawo lachiwiri limatanthauza chani, a ku Chingale akhala akumva za msewu wa Lirangwe-Chingale-Machinga kwa zaka zingati.

Ife tinati ayi, tidule utali osati m'mbali. Phula liyambe kumtunda lidutse pa kamsika ndi pa sukulu nkuthera pomwe ndalama yathera, kotsalako kukhale gelevulo wabwino wotsenderedwa, koma ngalande zimangidwe msewu onse mpaka kumtsinje. Chifukwa chake nchosavuta, phula lopyapyala lomwe timaika m'makomo silifa ndi matayala, limafa ndi madzi olowa pansi pake ndi odya m'mphepete, pa malo otsetsereka ngati Zomba ngalande yongokumba imasanduka chigwembe mvula imodzi. Msewu wa gelevulo wa ngalande zabwino ungadikire phula zaka zingapo uli bwinobwino, pomwe phula lopanda ngalande likatha mvula ziwiri kapena zitatu mumayambanso kuchokera pansi, ndalama kawiri.

Mkulu wina anandiyankha mosabisa, ndipo ndimamulemekeza chifukwa cha zimenezo, anati, "Bwana, inu mukunena zoona koma pa msonkhano anthu sindingakawauze kuti takumangirani ngalande. Anthu amafunsa makilomita." Chisankho cha 2025 chinali chikuyandikira, aliyense m'chipindamo amadziwa ngakhale palibe anachitchula. Apa sindinatsutsane naye pa za ndale, ndinangopempha kuti msonkhano wotsatira tikachitire kumunsi kuja, pomwe kamuvi kanathera, ndipo anthu a nyumba za kumeneko adzakhalepo. Zinathandiza kuposa matebulo onse a mu lipoti langa.

Tinayesanso kukankha maganizo oti m'malo mwa phula tiyale timabuloko ta konkiliti tolumikizana tija, poti simenti ina imapangidwa konkuno, ntchito yake imalemba anthu ambiri a m'dera momwemo, ndipo paipi ya madzi ikaphulika mumangozula nkubwezeretsa osaswa msewu. Anakana, ena amati anthu sautenga ngati msewu weniweni, mainjiniya anzanga amaopa mabuloko ophikidwa mwachinyengo osakwana simenti, mantha omwe ndi omveka ndithu. Ndimaonabe kuti m'makomo mwa Zomba njira imeneyi ndi yofunika kuiyesa.

Tinathera pakati. Phula linafupika, linadutsa pa kamsika ndi pa sukulu nkuthera patsogolo pang'ono pa manda. Ngalande zomanga zinatsala msewu onse, kalavati ya bokosi inatsala, mahampu ndi powolokera pokwera pa sukulu zinatsala. Njira ya oyenda pansi inangotsala pa sukulu ndi pa kamsika. Ngalande ya kumtsinje anavomera kumanga theka lakumtunda, theka linalo kungokumba ndi kudzala vetiva. Mitengo ya m'mbali mwa msewu ndi magetsi a sola zinachotsedwa zonse osakambirana nkomwe.

Nthawi ya ntchito

Ntchito inagwiridwa chilimwe cha 2024 ndipo zambiri zinali zomwe timaziona kulikonse, fumbi kulowa m'makalasi bawuza yothira madzi ikakhala yafa, makina kudula paipi dera lonse kukhala opanda madzi, njira yopatukira kudutsitsa malole pakhomo pa anthu. Buku la madandaulo linkakhala kwa mayi wina wa mu komiti osati ku kampu ya kontirakitala, zomwe zinapangitsa kuti anthu azilemba momasuka. Pa kulemba aganyu tinaumirira kuti ntchito za manja zipite kwa a m'deralo ndipo azimayi akhalemo, ndipo pomanga ngalande za miyala azimayiwo anagwira bwino kwambiri. Nkhani ya anyamata a pa kampu ndi atsikana a sukulu tinaikamba poyera kuyambira tsiku loyamba, pamaso pa amfumu, ahedi ndi makolo, aliyense wolembedwa ntchito anasayina malamulo, mmodzi anachotsedwa.

Mchenga unatipatsa mutu. Kontirakitala amagula kwa anyamata okumba mu mtsinje omwewo, nde ife tikuteteza gombe ndi vetiva uku, ntchito yathu yomwe ikulipira anthu ogumula gombe uko. Kuwaletsa kunali kuwachotsera nsima, tinangogwirizana malo oti azikumba, kutali ndi mlatho ndi madimba, kaya anatsata mpaka liti.

Mvula yoyamba itadutsa

Kalavati ya bokosi inagwira ntchito, madzi sanadutsenso pamwamba pa msewu ndipo kwa gogo kuja sikunalowe madzi. Gawo la gelevulo lili bwino, a kabaza amafika mpaka kumapeto ngakhale mvula itagwa usiku onse. Koma anthu a gawo limenelo ndi okwiya ndipo sabisa, bambo wina anandiimitsa nkundifunsa kuti, "Kodi ife a kumunsi kuno tinalakwa chani kuti tizidya fumbi anzathu akuyenda pa phula?" Ndinamufotokozera za ngalande, anamvetsera mwaulemu koma sanakhutire.

Pa phula napo pabuka zake. Njinga zamoto zikuthamanga koopsa pakati pa hampu ndi hampu, ndipo pomwe njira ya oyenda pansi inadulidwa ana akuyenda pa phula penipeni poti m'mbali muli ngalande yakuya, kutanthauza kuti pamenepo mwana ali pa ngozi kuposa mmene analili pa msewu wa dothi. Anthu aikapo kale hampu yawoyawo ya dothi ndi miyala, yosaoneka usiku. Pa kamsika masilabu aja asanduka malo a malonda, mabenchi abwerera ndi ena atsopano, a kabaza apanga siteji pomwepo, woyenda pansi wabwereranso pa msewu. Sindikuwada, makasitomala ali pomwepo, tikanakhala ndi malo tikanasiya mpata wa mabenchi ndi siteji mu pulani momwemo. Lendi yakwera monga tinanenera. Malole a mchenga ayamba kale kunyema m'mphepete mwa phula pokhota pa manda, msewu sunapangidwire katundu wotere ndipo palibe amene akuwayeza.

Theka la ngalande ya kumtsinje lomwe silinamangidwe layamba kudyeka pomwe simenti inathera, pakumbika dzenje lofika m'mawondo ndipo likubwerera chakumtunda, vetiva anali asanagwire mmene mvula imayamba. Pakufunika magabiyoni, madengu a waya odzaza miyala aja, mvula ina isanabwere, apo ayi lidzagumula ndi gawo lomangidwalo, talemba kalata ndi zithunzi.

Kuchotsa zinyalala m'ngalande nako kulibe mwini weniweni. Ndalama zokonzera misewu m'dziko muno zimachoka pa msonkho wa mafuta ndi ma tollgate a pa Chingeni ndi Kalinyeke kudzera ku Roads Fund Administration, koma misewu yodikira ndalama imeneyo ndi yambiri ndipo kamsewu ka m'makomo kali kumapeto kwa mzere. Pakadali pano komiti ya madandaulo ija ndi imene yasanduka yoona ngalande, amfumu analamula kuti khomo lililonse lizichotsa kutsogolo kwake mvula isanayambe, ena akuchita ena ayi, ndipo zinyalala zomwe achotsazo amaziunjika m'mbali momwemo poti galimoto yodzatenga sifika.

Chatsala ndi dzenje lomwe anakumba gelevulo, kunja kwa tauni pang'ono. Mu BOQ muli mzere wake woti likwiriridwe, m'mbali mwake asalaze ndi kubwezeretsa dothi la pamwamba, koma kontirakitala anachotsa makina asanachite, pano ladzaza madzi ndipo ana akusambiramo. Mwini munda naye akuti lisakwiriridwe akufuna aziumbira njerwa, zomwe sizili mu mgwirizano ndipo mwana akamira sadzafunsidwa iyeyo. Ndalama yomwe imasungidwa mpaka nthawi yokonza zolakwika ithe sinatuluke, ndipo ine pa fomu yovomereza kuti za chilengedwe zatha sindinasayine, ndawauza kuti abweretse kaye makina akwirire dzenjelo.